Choko cha Amayi pa Mipanda ya Anthu

Okondedwa achimwene,

Ndikhulupirira kuti muli bwino pamodzi ndi alamu anga ndi ana. Chifuwa chija chinakusiyani, kapena mukukanabe kupita kuchipatala monga amachitira amuna onse a m'banja lathu? Kuno tilipo. Amayi ali bwino. Bondo lokha ndilo limawakumbutsa zaka zawo, koma pakamwa mpa mtsikana.

Ndasankha kalata chifukwa pafoni mumandidula mawu. Nkhani ndi ya mpanda uja. Munandituma kuti ndiwanyengerere amayi avomere kutchinga nyumba ndi njerwa, ndiponso kuti makina awo osokera achoke pakhonde alowe m'nyumba. Munati mmisiri abwera Lolemba. Ine ndinavomera. Lero udindowo ndikuutula pansi, ndipo mundimve kaye musanayambe kunditcha wosamva.

Mantha amene alowa mumsewu wathu mukuwadziwa. Chithyolereni golosale ya pakona chaka chatha, aliyense wamanga mpanda n'kubzala mabotolo osweka pamwamba. Agalu achuluka kuposa ana. Ukamadutsa masana umangomva mawailesi kuseri kwa njerwa, ngati ukuyenda pakati pa ndende ziwiri. Yatsala pamtetete ndi nyumba yathu yokha, amayi ali pakhonde kupalasa makina, kupereka moni kwa aliyense, ngakhale kwa amene nkhope yake ikuchita kuonetsa kuti moniyo sakumufuna.

Ndiye pali gulu lathu la pafoni la anthu a mumsewu. Achimwene, anatibera kamodzi, koma pagulupo taberedwa kokwana zana. Njinga yachilendo ikadutsa, uthenga. Galu akauwa, uthenga. A Khansala nawo, poti chisankho chayandikira, m'mawa uliwonse amatikumbutsa kuti tazingidwa ndi zigawenga ndipo mpulumutsi ndi iwo okha. Ine ndi madigiri anga awiri ndinkangowaseka anthu onsewa.

Sabata yatha kunabuka mphekesera yoti akuba a masiku ano amayamba alemba chizindikiro panyumba imene akufuna kudzathyola. Lachitatu, ndikuchokera kukoleji kokaphunzitsa, ndinaona bambo wina wachilendo atanjuta pampanda wa a Nesi a kuchipatala aja, akulemba mtanda ndi choko cha buluu. Anaimirira, nawerenga mapazi, nakalembanso pampanda wina.

Mukuganiza kuti ndinamufunsa? Ayi ndithu. Ine amene ndimakalipira ana a eni kuti asanalembe kanthu ayambe afufuza, ndinabisala kuseri kwa mtengo, kumujambula, n'kuponya chithunzicho pagulu paja. Pansi pake ndinawonjezera kuti tikhale tcheru. Eya, moto wonse umene ndikufuna kukuuzaniwu anakoleza ndi mlongo wanu wophunzira.

Lachinayi masana bamboyo anabweranso. Ndinali m'nyumba kuchonga mayeso pamene ndinamva wina akukuwa kuti wakuba. Mageti amene sanatsegukire mlendo kwa chaka chathunthu anatseguka nthawi imodzi. Pomwe ndinkafika pamsewu n'kuti atamugwetsa kale, mlomo utang'ambika, malaya ali magazi okhaokha. Makaniko wa kumapeto kwa msewu ankagubuduza tayala. Wometa tsitsi wa mumsewu wathu anali ndi botolo la petulo m'manja.

A Khansala anafika naima pafupi ndi galimoto yawo, manja atapinda. Bamboyo atawaona anayamba kufuula kuti bwana auzeni, bwana auzeni anthuwa. Iwo anangoweramira foni yawo. Ine ndinauma ngati chitsa. Chingerezi chonse chija chinandithawa, Chichewa chomwe.

Kenako makina pakhonde anasiya kulira.

Amayi anatsika masitepe opanda ndodo yawo, tepi yoyezera ili m'khosi, n'kulowa pakati pa anthu ngati akulowa m'tchalitchi mochedwa. Sanakalipire gulu. Anayamba kuitana mmodzimmodzi.

Makaniko uja amayi anamufunsa kuti iwe, tayala limenelo ukupita nalo kuti, si iwe unalira pakhonde panga suti ya ukwati itakana kumanga mabatani? Mayi a pagolosale, amene anali ndi njerwa m'manja, amayi athu anawauza kuti diresi lawo la kwaya latsala mpendero wokha, ndiye anene msanga ngati akufuna kukalivalira kundende kuti alisoke lalitali, poti kumeneko kumazizira. Wometa uja naye amayi anamuuza kuti thalauza wavalalo analigamba ndi iwo kumbuyo, ndipo asawakakamize kufotokoza pagulu kuti linang'ambika akudumpha windo la ndani.

Wina anaseka. Achimwene, tsiku limenelo ndinaphunzira kuti mwala umapepuka ukakhala m'manja mwa gulu, koma munthu akakutchula wekha umayamba kulemera. Njerwa zinayamba kugwa pansi mwakachetechete, ngati zikugwa zokha.

Komabe wina kumbuyo anakuwa kuti nanga zizindikiro zija. Amayi anawerama, bondo lomwelo, napisa m'thumba la malaya a bamboyo n'kutulutsa kachidutswa ka choko chophwatalala, chija amalembera pansalu. Kenako anapisa m'thumba la epuloni yawo natulutsa chidutswa china. Anazilumikiza pamaso pa onse. Zinagwirana ndendende.

Anati chokocho n'chawo. Bamboyo anadutsa Lolemba dzuwa likuswa mtengo, iwo anam'patsa moni ndi madzi akumwa, namufunsa chimene ankawerengera mapazi. Iye anawauza kuti ndi mmisiri wa magetsi, akulemba malo odzaikapo mapolo a nyale za mumsewu. Choko chake chinali chitatha, iwo n'kumubenthulira chawo. Ndiye anati ngati uyu ndi wakuba, mkulu wa gulu lake ndine, tayalalo muyambe kundiveka ine, koma mundiyeze kaye chifukwa sindivala chinthu chosayeza.

Atatero anatembenukira kwa a Khansala, mwaulemu wonse, ulemu uja umapweteka kuposa mbama. Anafunsa ngati nyale zimenezi si zomwe analonjeza pamsonkhano kuti zidzathamangitsa akuba, ndiponso kuti munthuyu anamutuma ndani. A Khansala anatsokomola, nati mwina ndi a ku ofesi. Amayi anati ofesiyo ili ndi nkhope, poti munthuyu wakhala akuitchula bwana. Pamapeto a Khansala anavomera kuti anamutuma ndi iwo. Taganizani: anali okonzeka kuonerera wantchito wawo akupsa kusiyana n'kutsutsana ndi mavoti makumi anayi!

Anthu anabwerera kuseri kwa mipanda yawo osayang'anana. Tayala linatsala pamsewu lopanda mwini.

Bamboyo tinamukhazika pakhonde, a Nesi n'kubwera kudzamutsuka mabala. Apa nthabwala ndilibe. Mano awiri anatsala pamsewu, ndipo dzanja limene amagwirira ntchito lili m'bandeji mpaka lero.

Amayi ananditengera kukhitchini. Sanakweze mawu. Anangondifunsa kuti kuchokera pamtengo paja kukafika pamene panali munthuyo panali mapazi angati, ndiponso ngati pakamwa ndinapaiwala kukoleji. Kenako anandipatsa beseni la madzi ofunda kuti ndikapereke, ndipo ndikamuuze ndekha amene anajambula chithunzi chija.

Ndinamuuza. Kenako ndinapepesa. Ndi mlomo wotupawo anandifunsa ntchito yanga. Nditamuuza, anati ali ndi mwana wamkazi amene amafunitsitsa atadzafika kukoleji, koma tsopano ayamba waganiza kaye. Ndinapepesa kachiwiri. Iye anati wamva. Sananene kuti wandikhululukira, ndipo sindinayenere kuyembekezera zimenezo.

Dzulo ndinaitchulabe nkhani ya mpanda, kuti musadzati sindinayese. Amayi anati sakukana, akuba aliko, ndipo loko watsopano pachitseko amulandira ndi manja awiri. Koma anati akanakhala kuseri kwa njerwa Lolemba lija, sakanam'patsa madzi munthu uja, sakanadziwa ntchito yake, ndipo Lachinayi akanangomva fungo la tayala ngati wina aliyense. Anati mumsewu wonse mwatsala maso awiri okha oyang'ana kunja, ndiye mwana wawo yemwe akufuna awatseke.

Ndikudziwa kuti mukuchita zimenezi chifukwa chowakonda, ndiponso kuti munthu akakhala kutali mantha ake amakula kuposa a amene ali pafupi. Inenso ndimaopa. Koma ndaona ndi maso anga chimene mantha athu anatsala pang'ono kuchita dzuwa likuwala, ndipo amene anawaletsa si mpanda, si galu, si Khansala, si ine. Ndi mayi wa bondo limodzi amene amadziwa m'chiuno mwa munthu aliyense mumsewu muno.

Chonde achimwene, muuzeni mmisiri wa mpanda uja asabwere Lolemba. Akabwera apeza ine nditakhala pamzere wa maziko, ndipo mukundidziwa. Ngati mukufunabe kuwateteza, amayi akuti pakhonde pali malo a mpando wina, mubwere mudzakhalepo sabata imodzi mudzaone anthu amene mukuwaopawo.

Mundiperekere moni kwa alamu, ndipo ana muwauze kuti azakhali awo akuwasowa, ngakhale nzeru zawachepera masiku ano. Amayi akuti mumwe mankhwala. Mulungu akusungeni nonse, ndipo akupatseni mtima womvera mlongo wanu kamodzi kokha.

Ndine mlongo wanu,
uja munkamutcha Loya