Chipepeso achidula pakati

Achimwene,

Ndikhulupirira muli bwino ku Joniko. Kuno ku Mbayani ana ali bwino, koma alamu anu, bambo a Tiyamike, sanazolowerebe ndodo. Pamene anadula mwendo paja pamawawa kukazizira.

Mlandu wa minibasi imene inawagunda ija unagamulidwa Lachiwiri. Woweruza anavomereza kuti dalaivala ankathamanga polimbirana anthu ku Limbe. Koma loya wa inshulansi anafunsa kuti, "Bambo, bwanji munkayenda mumsewu, osati m'mbali mwake?" Alamu anu anati, "Bwana, m'mbalimo mumadzaza mavenda ndi magalimoto oimikidwa. Ndikanaponda tomato wa eni?" Anthu anaseka, ine ayi. Woweruza akuti alamu anu nawonso analakwa, ndiye chipepeso achidula pakati.

Limbe mumaidziwa, achimwene. Ndani amayenda m'mbali? Titatuluka m'khoti tinapeza galimoto ya loya yemweyo itaima poyenda anthu, alamu anu n'kuilambalala mumsewu, akudumphira ndodo.

Mulungu akusungeni, mutikumbukire m'mapemphero. Chonde mutifunsire mtengo wa mwendo wochita kupanga kumeneko. Mufunse wathunthu, chifukwa minibasi ija sinatenge theka.

Ndine mlongo wanu,
Esinati