Miuni ya Mzime ndi Chipinda cha Bambo

Okondedwa Achimwene,

Landirani moni wochokera kwa ine ndi onse a m'nyumba muno. Muli bwanji kumeneko pamodzi ndi alamu ndi ana? Chifuwa chija chinkamuvuta wamng'ono chinaleka? Ife kuno tilipo. Mapasa achira, ayambiranso kuswa makapu, ndipo alamu anu akupitabe ku ntchito.

Za Bambo ndiye sindinganene kuti ali bwino, ndipo n'chifukwa chake ndalemba kalata m'malo moimba foni. Pafoni mumandidula pakamwa. Komanso mmene mtima wanga ulili panopa, ndikadakutukwanani, chinthu chimene sindinachitepo chibadwire.

Bambo ali kuno kwanga. Ndinakawatenga Loweruka.

Mukukumbuka zimene tinagwirizana Bambo atadwala sitiroko, mkono ndi mwendo zitafa. Tinati Mzime, poti ndiye wamng'ono, sali pa ntchito ndipo alibe banja, abwerere kunyumba aziwasamalira. Inu munati muzitumiza zofunika, ine ndiziwazonda ndikapeza mpata. Munamutumiziranso kompyuta kuti asamasungulumwe. Mwezi wathawu mapasa anadwala katsabola, ndiye a kuchipatala anandiletsa kuyandikira munthu wofooka ngati Bambo. Ndikaimba foni, Mzime ankangoti ali bwino, angodya kumene, agona.

Lachisanu anandiimbira mayi wa nyumba yoyandikana ndi ya Bambo, uja wogulitsa tomato. Anazungulirazungulira, kufunsa za ana, za ntchito, kenako n'kunena kuti zenera la chipinda cha Bambo latenga nthawi lisanatsegulidwe. Anatinso pakhomo pamene pali wodwala chigonere, nsalu zapabedi sizisowa pachingwe, koma iye pachingwe chathu akungoonapo malaya a Mzime basi.

Loweruka ndinafika dzuwa lili paliwombo. Fungo linandichingamira ndisanalowe n'komwe. Kukhitchini mbale zinali zitaunjikana musinki, zina zitamera nkhungu, poto wa mkaka atasanduka chinthu chimene sindingachitchule dzina. Sindinaime. Ndinapita molunjika kwa Bambo.

Achimwene, masana onse aja, m'chipindamo munali mdima woti sungaone dzanja lako. Ndinadina switchi, osayaka. Ndinapapasa khoma mpaka pazenera, n'kupeza bulangete litakhomedwa ndi misomali. Nditalizula, mphemvu zinabalalika. Zinatuluka m'mbale ya pampando, pansi pa pilo, ngakhale m'bulangete limene Bambo anafunda. Ndowa ya pansi pa bedi inali itadzaza mpaka kusefukira. Kuyang'ana kudenga, babu palibe, pangotsala chibowo chake.

Bambo anabisa nkhope ndi dzanja lawo labwino lija. Ndi lilime lolemeralo anati, "Usandione, mayi. Tuluka kaye."

Bambo athu, telala amene sankapita kukagula buledi asanasite buluku! Matiresi anali atanyowa mpaka pansi. Nditawatembenuza ndinapeza zilonda kumsana ndi m'chiuno. Chimene ndinachiona chikuyenda m'chilonda cha m'chiuno sindilemba, chifukwa mwina kalatayi mukuwerenga mukudya.

Ndinakulunga nsaluzo n'kupita nazo kuchipinda cha Mzime. Chitseko chinali chotsegula pang'ono. Mkatimo babu likuyaka bwinobwino masanasana, iye ali pampando chondifulatira, maso ali pa kompyuta. Ndisanatsegule pakamwa, ndinamva mawu akutuluka m'sipika. Anali mawu anu.

Munkaseka. Munati pansi pa masitepe patsala mdima, chilombo chabadwirapo ndipo chakuphani, Mzime aikepo muuni msanga. Iye anati akubwera, wanyamula miuni yambiri. Kenako munafunsa kuti, "Madala ali bwanji?" Iye anati, "Ali bwino, agona." Inu munati, "Chabwino, tiye tikamalize denga."

Ngati mukukumbuka kuti Loweruka masana Mzime anangozimiririka pakati pa gemu, sikuti magetsi anazima ayi. Ndinali ine, ndinazula waya kukhoma.

Anadzidzimuka mpaka mpando unagwa. Ndinamuponyera nsaluzo pamiyendo n'kumufunsa kuti chinthu chimenechi n'chiyani, choti mpaka munthu aiwale bambo ake kuseri kwa khoma. Ndinkafunsa mokalipa chabe, koma iye, kaya ndi mantha kaya ndi uchitsiru, anayamba kundifotokozera zenizeni.

Akuti ndi gemu yomanga zinthu ndi mabuloko onga njerwa, ndipo inu ndi iye mwamanga chinyumba chachikulu paphiri. Akuti m'dziko limenelo zilombo zimabadwira pamdima. Malo alionse amene kuwala sikukufikapo, pamangotumphuka mafupa oyenda, akangaude, ndi zina zimene zimafika mwakachetechete n'kuphulika, khoma lonse pansi. Akuti muuni umawala kwambiri pomwe wauikapo, koma kuwalako kumanka kuchepa buloko ndi buloko, ndiye ukatalikitsa miuni, pakati pamatsala kamdima, ndipo kamdima kamodzi n'kokwanira kuti zilombo zikupezeni m'nyumba. Choncho tsiku lililonse iye amayendera makona onse, pansi pa masitepe, kuseri kwa mabokosi, padenga, kuona ngati pali pamene pada.

Mawu ankangotuluka okha ngati mpopi wothyoka. Anati pansi pa nyumbayo munamanga dala chipinda chopanda muuni ngakhale umodzi, chotseka mbali zonse, kuti zilombo ziziswanamo inu muzizipha n'kutola zimene zagwetsa. Ndinamuuza kuti chipinda chotero ndachiona kale, ndachokamo posachedwapa, ndipo muli bambo ake.

Mukudziwa chimene anayankha? Anati Bambo nawonso munawamangira chipinda chawo m'gemumo, cha denga lagalasi, miuni mbali zonse, ndi kamakina kosokera pakona. Akuti ndi chipinda chowala kuposa zonse m'nyumbamo, ndipo ndinu amene munasankha malo ake.

Sindinam'menye. Dzanja linakwera lokha, koma ndinaona kuti ndingodetsa dzanja langa.

Za bulangete anati tsiku lina Bambo anadandaula kuti dzuwa likuwathobwa m'maso, iye n'kukhoma, n'kuiwala kuchotsa. Za babu anati lake linapsa, anangobwereka la Bambo, ankati agula lina. Apa m'pamene anayamba kulira. Anati poyamba ankawasambitsa, koma tsiku lina akuwapukuta Bambo analira ndi manyazi, iyenso osadziwa koyang'ana. Mawa lake anangowapatsa chakudya n'kutuluka. Fungo litayamba anayamba kuopa kulowamo, akaopa fungo n'kumakula, mpaka anafika pomangoika mbale pampando atagwira mpweya.

Mwina inu mumva chisoni. Ine chisoni chibwera mwina chaka chamawa. Ndinamuuza kuti atereke madzi.

Tinawasambitsa awiri. Nditavundukula chilonda chija, Mzime anathamangira panja kukasanza mpaka mayi wa tomato anasuzumira pampanda. Ndinam'tsatira, kum'patsa madzi achukuche mkamwa, n'kumuuza kuti abwerere akagwire mapewa a bambo ake. Anabwerera. Bambo nthawi yonseyo anali atatsinzina.

Alamu anu anabwera ndi galimoto ya mnzawo, tinapita ndi Bambo kuchipatala. Nesi amene anatsuka zilondazo anafunsa kuti amawasamalira ndani. Anatiyang'ana mmodzimmodzi, kuyambira kumutu mpaka kumapazi, ndipo ndinalakalaka nthaka itang'ambika. Anati zilonda zakumsana zipola, koma cha m'chiuno chalowa kwambiri, chifunika kutsukidwa tsiku ndi tsiku, ndiponso Bambo azitembenuzidwa pafupipafupi. Matiresi aja tinawatentha.

Panopa Bambo akugona m'chipinda cha mapasa, mapasa ali pabalaza. Akudya pang'onopang'ono. Mzime akubwera m'mawa uliwonse, amakhala pakhonde ngati mlendo mpaka ndimuitane. Ndimamulola kulowa pa nthawi yotsuka chilonda, ndipo ndimaima pomwepo. Dzulo sanasanze. Kompyuta ija ili komwe ili, sindinaifunse ndipo sindikufuna kuiona.

Tsopano ndibwere kwa inu. Musandiuze kuti Mzime ndi mwana, ndi bambo wandevu zake. Musandiuzenso kuti simunkadziwa. Ndikudziwa kuti simunkadziwa, ndipo chimenecho ndicho chikundinyansa. Munali naye tsiku ndi tsiku kwa maola, mawu anu akumveka m'nyumba ya Bambo, ndipo simunanenepo ngakhale kamodzi kuti tenga foni upite nayo kuchipinda ndiwamve. Bambo akuti ankakumvani kudzera kukhoma. Ankamva kuseka kwanu n'kumaganiza kuti mwina mwabwera, mulowa posachedwa.

Ndikudziwa kuti ntchito ya kumeneko ndi yowawa, ndipo munthu ukaweruka umafuna poiwalira. Sindikukuletsani kusewera. Koma tchuthi chimene ndinapempha ku ntchito chikutha, msana wanga wayamba kale kudandaula, ndipo Mzime sindingamusiyirenso Bambo payekha. Musatumize katundu, musatumize mankhwala a fungo labwino kapena chipangizo china chilichonse. Pemphani tchuthi mubwere. Mudzaphunzire kuwatembenuza ngati mmene taphunzirira ife, kenako tikhale pansi atatu tione chochita. Mukaimba foni musanagule tikiti, ndidzangoipereka kwa mapasa.

Ndisanayambe kulemba ndinawafunsa Bambo ngati ali ndi mawu oti ndikuuzeni. Ndinkayembekezera kuti akalipa. Anatenga nthawi akulimbana ndi lilime, kenako anati, "Umuuze abwere adzandimete."

Ndinawauza kuti ndikhoza kuwameta ndekha, lezala lilipo. Anapukusa mutu. Alamu anu anadzipereka, anakananso. Mzime atayandikira ndi sopo, Bambo anatembenuzira nkhope kukhoma. Akuti akudikira mwana wawo woyamba. Ndiye ndevu zikukula, Achimwene, zoyera mbuu, ndipo akamamwa tiyi zikumanyowa.

Mundiperekere moni kwa alamu, ndipo kalatayi muwaonetse, musaibise. Ana muwapsompsone m'malo mwanga. Mapasa akuti amalume abwere ndi mpira. Mulungu akusungeni ndipo akuyendetseni bwino panjira.

Ndine mlongo wanu,
Make mapasa