Mkati mwa nkhanu ya labala

Lolemba, 5 Ogasiti
Kutentha koopsa m'shedi yojambuliramo mafilimu ku Kawaguchi. Chovala cha chilombo sichinaume chichokereni Lachisanu, chikununkha thukuta langa lomwe. Zaka 58, ndikadali nkhanu ya labala. Ntchito ndi yomwe ija: kumenyana ndi mkazi wovala ngati ngwazi yopulumutsa dziko, kumugonjetsa, basi. Zogonana za m'mafilimuwa amajambula ndi amuna ena, ine ndili panja ndikusuta.

Lachiwiri, 6 Ogasiti
Kwabwera wosewera watsopano, Orie, wa zaka 26. Anaphunzira masewera ogwetsana a judo, kugwa amakudziwa. Pa nkhomaliro anandigawira mpunga wake wowumba. Akuti mayi ake ku Akita amadziwa kuti amagwira ntchito mu ofesi. Ndamuuza kuti mwana wanga Kazusa amadziwa kuti ndikadali m'zisudzo za ana. Tinaseka, koma pang'ono.

Lachinayi, 8 Ogasiti
A Nukui, mkulu wa filimuyi, akuti ogula atopa ndi nkhonya zabodza. "Madala, mukumenya kapena mukusisita mdzukulu?" Onse kuseka.

M'chovalamo ndimaonera pa timabowo tiwiri tapakhosi. Thukuta m'maso. Ndinaponya dzanja mwamphamvu, ndinamva kuti lafika. Orie anagwa mosiyana ndi m'mene tinakonzera, wopanda mawu, pakamwa pali yasa. A Nukui sanaimitse kamera. Inenso sindinaime. Ndinamaliza zonse zimene tinayeserera, mpaka kumuponda.

Lachisanu, 9 Ogasiti
Orie wathyoka nthiti ziwiri.

Lolemba, 12 Ogasiti
Wabwerabe, atamanga bandeji mkati mwa chovala. Ndinawerama pamaso pake kupepesa, iye anandikoka mkono kuti ndiweramuke anthu asanaone. "A Hatakeyama, musapepese pagulu. Akadziwa kuti ndikumva ululu sandiitananso."

A Nukui amaonetsa aliyense kachidutswa ka filimu ka nkhonya ija pa foni. Akuti m'zaka khumi sanajambulepo chokoma chotere. Mawa akufuna china, ndimumenyenso mbali yomweyo.

Lachiwiri, 13 Ogasiti
Ananditsekera zipi yakumsana, magetsi anayaka. Orie anaima patsogolo panga, zibakera m'mwamba, akupuma mobanika. Anandigwedezera mutu kuti ndibwere.

A Nukui anati tiyambe. Ndinangoima, manja ali lende. Anabwerezanso kachiwiri, kenako kutukwana. Ndinakhala pansi pa simenti ndi chinkhanu changa chonse.

Zipi ija siitheka kutsegula wekha. Palibe amene anasuntha. Patapita nthawi ndinamva zala za Orie kumsana kwanga, zikufunafuna zipiyo.