Ndadya Mphika Umodzi ndi Akamwini

Amayi anga, kodi kumene mukupumako mukupeza bwanji? Ndine Esinati wanu. Ndikulemba ndili pathebulo la m'khitchini kuno ku Tyrrelstown, m'dziko la Ireland, mvula ikuwaza pawindo monga mwa masiku onse. Tonse tili bwino, kupatula bondo langa lakumanzere lomwe limandivuta ndikamakwera masitepe kunyumba yosungirako okalamba kumene ndimakolopa. Bambo a Tadala akupereka moni. Akadali pantchito yawo ya ulonda, ndipo akadaiwalabe ambulera m'basi.

Achimwene a Yohane anaimba foni sabata yatha. Akuti mtedza wachita bwino m'munda mwanu muja, koma chimanga n'chochepa chifukwa mvula inadula chili pa ngaiyaye. Denga la nyumba yanu alifoleranso. Mbuzi yanu yamawanga ija yaswa mapasa, ndipo ikadalowabe m'dimba la eni. Ine kuno ndinadzala maungu kuseri kwa nyumba kuti ndizithyolako nkhwani, koma nkhono zakuno zilibe chisoni. Ndathira mchere, ndaika makoko a mazira, m'mawa ndikupeza masamba ali mabowo okhaokha.

Nkhani yaikulu ndi yakuti Tadala anachira bwinobwino, mwana wamkazi. Tamupatsa dzina lanu, Feliya. Mphuno ndi yanu ndithu, tsitsi ndiye la bambo ake. Bambo ake ndi a Minsu, a ku Korea aja munangowaona pachithunzi cha pafoni muli gone kuchipatala, n'kunena kuti, "Kaya ndi a kuti, bola asakhale omenya." Samenya, Amayi. Amasintha mwana matewera, ndipo akamalowa m'nyumba amavula nsapato pakhomo osachita kuuzidwa.

Tsopano pali china chimene ndiyenera kukuuzani ndekha musanachimve kwa ena. Ndadya ndi akamwini. Mphika umodzi, thebulo limodzi, anthu akuona. Mumve kaye nkhani yonse musanagwire pakamwa.

Inu simunadyepo pamaso pa bambo a Tadala mpaka tsiku lanu lomaliza. Ndikukumbuka mutakumana nawo panjira ya kudimba, munapatukira patchire n'kugwera m'chitedze. Munakanda masiku angapo, koma munkangoti, "Ndikande bwanji, bola sitinaonane maso." Ineyo ndinakula ndikudziwa kuti umenewo ndiwo ulemu waukulu umene mpongozi angapereke. Ndiye a Minsu atakwatira Tadala ndinachita chimodzimodzi. Akabwera Lamulungu ndinkaphika zonse mosamala, kupukuta matambula mpaka kuwala, kuwapatsa moni nditaima pakhomo la khitchini maso ali pansi, kenaka n'kutenga mbale yanga kukadyera kuchipinda cham'mwamba. Mumtima ndinkati akamwiniwa akuona kuti alowa m'banja la anthu oleredwa.

Ndiye tsiku lina Tadala anandiimbira. Mwana ameneyu mukumudziwa, ndimamulankhula Chichewa iye n'kumayankha Chingerezi, koma tsiku limenelo anayesetsa Chichewa kuti ndimve bwino. Anati, "Mami, Minsu akuti sadzabweranso Lamulungu. Akuti akangokhala pansi inu mumanyamula mbale kuthawa. Akuganiza kuti mumanyansidwa naye." Ndinati koma ndi ulemu umenewo, kawauze. Anati anawauza kale, ndipo iwo anagwedeza mutu, koma kwawo munthu amene sakudya nawe ndiye kuti sanakulandire, ndipo mtima wawo sukumva zimene makutu amva. Anawonjeza kuti iye watopa kuima pakati pathu, ndipo sangamabwere ndi mwana bambo ake atatsala kunyumba. Usiku umenewo chakudya sichinalowe. Ndinkangoona Feliya akukula kutsidya la tawuni, ine n'kumamuonera pafoni ngati mmene inu munkaonera Tadala.

A Minsu mkati mwa sabata amagwira ntchito ya makompyuta, koma Loweruka amayenda ndi alendo m'tawuni, kuwalawitsa zakudya zakwawo uku akuwasimbira za nkhondo imene inagawa dziko lawo pawiri. Anayamba zimenezi agogo awo aakazi atamwalira. A Minsu omwewo ndi amene anatuma Tadala kuti andiitane ku ulendo umenewu. Ndinavomera, koma ndinali ndi nzeru zanga. Ndinati ndizikayenda kumbuyo kwa gulu, pofika podyera ndikakhala pathebulo lina chakukona, aliyense akhutira. Lachisanu nditaweruka ndinakwera basi kukaona malo okumaniranapo pa Parnell Street kuti ndisakasochere, ngakhale kuti ndimadutsa pomwepo ndikamakagula ufa ndi usipa ku Moore Street. Ndinasita diresi yabuluu, kenaka ndinaisitanso. M'chikwama ndinaikamo mankhwala a m'mimba, tinsalu topukutira ndi kakontena kopanda kanthu.

Loweruka tinakumana. Panali achinyamata ambiri, ena ana a sukulu za ukachenjede, ena alendo ongobwera kudzaona mzinda, ndi bambo wina wachiairishi waimvi mutu wonse. Tadala anabwera atamangirira Feliya pachifuwa monga amachitira kuno. Za kumsana ndamuuza mpaka ndatopa. A Minsu atandiona anawerama kwambiri, ine ndinayang'ana nsapato zanga.

Tinayambira m'shopu ya zakudya za kwawo. Anatenga chitini cha nyama pashelefu n'kuchikweza m'mwamba. Anati nkhondo ili mkati, ndiponso itangotha, nyama inkapezeka kumisasa ya asilikali a ku America kokha, ndipo chitini ngati chimenechi chikafika m'nyumba ya munthu wamba chinali chinthu chobisa pansi pa zofunda. Lero kwawo anthu amapatsana zitini zomwezo ngati mphatso pa zikondwerero, zitakulungidwa bwino m'bokosi. Anthu anaseka. Ine ndinkaona mmene akamwini anu aang'onowa ankalankhulira, osathamanga, osachita chibwibwi, gulu lonse lili chete kuwamvera pakati pa phokoso la mabasi, ndipo ndinamva kukoma mumtima.

Titatuluka anatigawira timibulu ta mpunga wothira mchere basi. Anati anthu othawa nkhondo ankanyamula zoterezi chifukwa sizifuna mbale kapena moto. Agogo awo anali kamtsikana nthawi imeneyo. Anayenda wapansi kulowera kummwera atabereka mlongo wawo wamng'ono, ndipo bambo a agogowo amene anatsalira kumpoto kuti atsatira pambuyo sanaonekenso mpaka lero. Alendo onse anadya timibuluto ataimirira m'mbali mwa msewu. Ine ndinabisala kuseri kwa bambo waimvi uja n'kuponya kambulu kanga m'kontena. Ndinkayesa palibe waona. Nditadzutsa mutu ndinapeza a Minsu akuchotsa maso awo pa chikwama changa, ndipo mawu awo anatsika pang'ono. Tadala sanandiyang'ane n'komwe.

Malo omaliza anali lesitilanti yaing'ono. Amayi, nzeru zanga zonse zinathera pakhomo. Munali thebulo limodzi lalitali lotikonzera, ndipo pakati pake panali mphika waukulu wosazama uli pa kambaula ka gasi. M'menemo munali nyama ya m'chitini ija, masoseji, nyemba, kabichi wawo wosasa watsabola, zonse zikubwata mu msuzi wofiira. Anati dzina lake ndi bude chige, ndiwo za kumsasa wa asilikali.

Asanatigawire anasimba zimene agogo awo ankawauza. Akuti mphika umene tikuonawu ndi wa masiku a mtendere, wokongoletsedwa. Woyamba sunali wotere. Agogo awo ankaima kumpanda wa msasa ndi chitini chopanda kanthu kudikira zotsala m'mbale za asilikali. Akafika nazo kunyumba, amayi a agogowo ankakhala pansi n'kumatolamo zotsalira za ndudu ndi timapepala, kenaka n'kuwiritsa zonse pamodzi kuti ana adye. A Minsu ananena zimenezi mutu uli m'mwamba, pamaso pa anthu osawadziwa. Anati, "Zikanakhala kuti agogo anga ananyansidwa ndi chakudya chimenecho, ine sindikanabadwa."

Apo ndiye munabwera inu m'maso mwanga. Chaka cha njala chija, Tadala ali kumsana, munkalawirira kuchigayo kukapempha kusesa pansi. Munkabwera ndi gaga m'kansalu, n'kukhala kuseri kwa nkhokwe yopanda kanthu kumapeta, kuchotsamo timiyala ndi zitosi za makoswe. Phala lake munkasakaniza ndi nthochi zosakhwima. Tikatha kudya munkaima pakhomo n'kumati, "Pukutani pakamwa musanatuluke, anthu asadziwe zimene tadya." Ndapukuta pakamwa zaka zonsezi, Amayi. Ngakhale Tadala sankadziwa kuti mkaka umene anayamwa unachokera pansi pa chigayo.

Ndili m'maganizo amenewa ndinamva a Minsu akuti kwawo palibe amene amanyamula supuni wamkulu wa onse asanayambe kudya. Anafunsa kuti wamkulu pano ndani. Ine mtima unakhala pansi, ndinaloza bambo waimvi uja. Bamboyo anakana, akuti imvi zimenezi anamupatsa ndi ana ake aamuna, osati zaka. Tinafunsana chaka chobadwa, anthu akuseka, ndipo zinapezeka kuti ine ndinayamba kuona dzuwa. Maso onse anatembenukira kwa ine.

Ndiye onani mmene zinalili. Ine sindingadye akamwini ali pomwepo. Akamwini sangadye ine ndisanayambe. Alendo onse agwira masupuni m'manja, angouzidwa kumene mwambo, ndipo akufuna kuusunga bwino. Mphika ukubwata, msuzi ukuphwera. Bambo waimvi anati, "Mayi, tichitireni chifundo, ine sindinadye m'mawa." Tadala anandinong'oneza kuti, "Mami, chonde." A Minsu anadzaza kambale, anakagwira ndi manja awiri, anabwera kudzaima pambali panga n'kunena mawu amene ndikudziwa kuti anachita kuwaloweza kunyumba: "Amayi, idyani."

Ndinaganiza za inu m'chitedze muja. Ndinaganizanso za mayi uja akutola ndudu m'chakudya cha ana ake, ndi inu mukupeta gaga. Ndinaona kuti inu awiri mukanakumana simukanafuna womasulira. Ndipo ndinadziwa kuti ndikakankha kambale kameneka, ndakankha chakudya cha mayi ameneyo pamaso pa mwana wa mdzukulu wake ndi pamaso pa alendo onsewo. Inu simunakanepo chakudya cha munthu wosauka. Munkati ngakhale ndi madzi a mchere, lawa, uthokoze.

Ndinalandira ndi manja awiri. Ndinanyamula supuni. Tsabola wake, Amayi, kambuzi wa kwathu ndi mwana! Misozi inatuluka, mphuno inayamba kuchucha, tinsalu tanga tija tinagwira ntchito. Anthu anaomba m'manja n'kuyamba kudya ngati atuluka kundende. Ine ndinatenganso supuni yachiwiri kuti asaganize kuti yoyamba inali yongokakamizika.

Kenaka ndinaona chinthu chimene ndikufuna muchimve bwino. A Minsu anandithirira tiyi wa balere, anathira wawo, ndipo pomwa anatembenuka n'kuyang'ana kukhoma, dzanja litaphimba kapu. Ndinafunsa Tadala kuti kodi akwiya. Anati ayi, kwawo wamng'ono samwa atayang'anizana ndi wamkulu, ndipo akhala akuchita zimenezi kunyumba kwathu kuyambira kale, kungoti ine ndinkakhala nditathawira kale m'mwamba. Amayi, ndinaseka mpaka kutsamwa. Chaka chonse anthu awiri takhala tikupatsana ulemu, wina kuyang'ana kukhoma, wina kukwera masitepe ndi bondo lopweteka, aliyense osaona za mnzake.

Alendo atabalalika tinatsala atatu ndi mwana. Ndinatulutsa kakontena kaja, ndinadya kambulu ka mpunga pamaso pawo. Kenaka ndinawasimbira za gaga. Ndinanena zonse, za chigayo, za nthochi, za kupukuta pakamwa, Tadala akumasulira pamene Chingerezi changa chaperewera. A Minsu anamvetsera manja ali pamaondo. Pomaliza anafunsa dzina lanu lonse, ndipo anaimirira n'kuwerama, osati kwa ine, koma kwa inu.

Ndikudziwa kuti ndaphwanya zinthu ziwiri zimene munandiphunzitsa, ndipo ndakhala ndikuzitembenuza m'mutu sabata yonse monga mukundidziwira. Koma sindikuona kuti ndakuchotserani ulemu. Munatidyetsa za pansi pa chigayo ndipo palibe mwana wanu kapena mdzukulu amene tinamuika m'manda chaka chimenecho. Zimenezo si zobisa ayi. Dzina la akamwini pakamwa sinditchula, ndimati bambo a Feliya, ndipo m'maso sindiwayang'anitsitsa. Zimenezo ndasunga. Koma Lamulungu lapitali anabwera onse atatu, ndipo mbale yanga inakhala pathebulo. Bambo a Tadala anangoti, "Zikomo, masitepe apumako."

Ndauza achimwene a Yohane kuti za chiliza chanu tikonze mvula ikubwerayi ikatha, ndipo akamwini akuti akufuna kudzafika nawo pamanda. Musadzathawire patchire, kumeneko chitedze n'chambiri.

Pumani bwino, Amayi. Ndimakukondani ndipo ndimakusowani tsiku lililonse. Ndikulonjeza kuti Feliya akadzayamba kumva, ndidzamuphikira phala la gaga ndi manja angawa, ndidzamuuza amene analisesa, ndipo akadzatha kudya ndidzamutsegulira chitseko atuluke osapukuta pakamwa.

Ine mwana wanu,
Esinati