Mphindi Makumi Awiri za Zena

Lachiwiri, 16 Januwale 2024

Makanjira, mvula kuyambira m'mawa. Ana 94, mabuku 20. Kwabwera a Shaibu, amalume ake a Zena wa m'kalasi mwanga. Mawu awo achidule: mwanayu akalephera mayeso teremu ino, sukulu basi, apite ku Nkhudzi akathandize amayi ake aang'ono kuyanika usipa. Zaka khumi ndi chimodzi, Sitandade 3 kachiwiri. Ndapempha teremu imodzi yokha. Zena si mbuli. Masamu a pamtima amaposa kalasi yonse. Malembo okha ndi amene amamukana, ndipo ine sadzandikana.

Lachitatu, 24 Januwale

Ndafukula kope la maphunziro a aphunzitsi amene tinachita chaka chatha. Vutoli lili ndi dzina, disilekisiya. Nzeru zilipo, maso ali bwino, koma kulumikiza lembo ndi liwu lake ndiye nkhondo. Ndodo sithandiza, kubwereza kalasi sikuthandiza. Chofunika ndi liwu limodzi pa nthawi, mphindi makumi awiri tsiku lililonse, mwana aone, amve, anene, alembe ndi chala.

Tayamba pa buleki, pamchenga kuseri kwa kalasi. M, a, kenako ma. Ndalemba malembo pa zitsekerero za mabotolo, iye kumaphatikiza. Tiyi wanga ndikumwa wozizira. Palibe kanthu.

Lachiwiri, 6 Febuluwale

Zena wawerenga tsamba lonse la m'buku la kalasi, nkhani ya mbuzi ija, osaphonya ngakhale pamodzi! Masabata awiri okha. Amene ankati mwanayu ndi wogona mutu abwere adzandipatse ulemu wanga. Ndatumiza uthenga kwa a Shaibu, Lachinayi adzadzionere okha.

Lachinayi, 8 Febuluwale

Manyazi.

A Shaibu amvetsera tsamba lonse. Kenako aphimba chithunzi ndi chisoti chawo, aloza mawu amodzi pansi penipeni. Zena osawadziwa. Aloza ena. Misozi mbwee. "Aphunzitsi, uyu waloweza. Ku madarasa amaloweza sura yathunthu ya Korani, nanji kankhani ka mbuzi aka?"

Sananame. Tsambalo kalasi yonse imalikuwa pamodzi m'mawa uliwonse, wotsogolera ndine. Khutu la mwana lagwira ntchito, ine n'kumadziombera m'manja. M'kope mwangamu zalembedwa ndi dzanja langa lomwe: muyeseni ndi mawu amene sanawamvepo. Ndinalumpha mzerewo. Kuthamanga si kufika.

Ndawapempha kuti pangano lisasinthe, tidikire Malichi. Anyamuka n'kumapita.

Lolemba, 12 Febuluwale

Zena wabwera! Mtima unali m'mwamba. Ndamuuza kuti wolakwa ndine, osati iye. Wandiyang'ana ngati ndapenga. Buku laikidwa pambali, tabwerera pamchenga. Mawu atsopano tsiku lililonse, ena opeka dala opanda tanthauzo kuti asathe kungoganizira: tolu, fumi. Akuseka, akuti aphunzitsi ayamba chinenero chawochawo. Akalumphira kumapeto, ndimamubweza ku liwu loyamba. Njirayi ndi yabwino, amene anaipotoza ndine.

Lachitatu, 6 Malichi

Masiku anayi osabwera, malungo. Ny ndi ng' zathawa, tazibwezanso. Pa mawu khumi atsopano wapeza asanu ndi awiri, pang'onopang'ono, chala pansi pa lembo lililonse. Ndiye kuwerenga kwenikweni kumeneku. Kodi kufika pa mayeso? Sindikudziwa. Ulendo uno sindiitana munthu.

Lachinayi, 21 Malichi

A Shaibu abwera okha, osaitanidwa, pa buleki. Mwezi wa Ramazani, akusala kudya, milomo gwa. Atulutsa m'thumba kapepala kamene agawidwa kuchipatala, n'kumupatsa Zena. Sanakaonepo, inenso ayi. Thukuta ndinali nalo ndine.

"Sa... mba... ni m'ma... nja ndi so... po." Mzere umodzi, mphindi ngati zitatu. Pena anaphonya, anabwerera yekha n'kukonza.

A Shaibu sanayang'ane papepala. Anayang'ana ine. "Wakhoza?"

Ndipamene ndazindikira. Tsiku lija ankangoloza, osadziwa chimene akuloza. Ndati wakhoza, mawu onse.

"Akhale pasukulu. Mayeso akhoze, asakhoze, akhale."

Zena wathamangira kwa anzake. A Shaibu apinda kapepalako mosamala, n'kunena osandiyang'ana: "Zolowezazi ndinkachita ndine, Sitandade 2. Atandigwira anandikwapula pamaso pa kalasi, kunyumba n'kundipatsa nkhafi kuti ndizipalasa bwato. Ndili ndi zaka makumi asanu tsopano, mpaka lero ndimati ndinabadwa wopusa."

Belu linalira tili chiimire.

Mawa pamchenga: mb, nd.