Manja Anu Aoneka

Lachisanu, 14 Novembala

Okondedwa achemwali,

Ndikhulupirira kuti kalatayi ikupezani muli bwino pamodzi ndi alamu ndi ana. Ndapatsira dalaivala wa basi chifukwa foni yanu ija ndi ya kuntchito, ndipo sindikuikhulupirira.

Filimu yathu ya antchito a kufakitale ya penti inaonetsedwa dzulo masana. Holo inadzaza, ena anachita kuimirira. Mukanaona bwana wathu, mano onse pamtunda, anthu akumuombera m'manja ngati ntchito anagwira yekha! Ine amene ndinatha miyezi itatu m'kachipinda kopanda zenera, kudula ndi kulumikiza zithunzi, ndinali kumbuyo pafupi ndi khomo.

Zimene ndinakulonjezani ndinachita. Nkhope yanu ndinaiphimba, mawu anu ndinawasintha mpaka mumamveka ngati bambo wodwala chimfine. Ndinkati ngakhale amayi sangakuzindikireni.

Koma pantchito yathuyi tili ndi chizolowezi. Munthu akatsokomola timadula pamenepo, ndipo kuti podulapo pasaoneke timaikapo chithunzi cha manja ake. Inu munatsokomola kwambiri tsiku lija, pofotokoza za mankhwala amene mumapuma opanda chotchinga pamphuno. Choncho manja anu ndinawaika kasanu, kuphatikizapo dzanja lamanja lija, la chipsera cha ayironi imene ndinakuwotchani nayo tili ana. Chipseracho ndinachizolowera moti sindinkachionanso. Dzulo pakhoma chinali chachikulu ngati chitseko.

Pa nthawi ya mafunso kunaimirira bambo wina wadazi. "Ndine woyang'anira antchito kufakitale kumeneko," anatero akumwetulira. "Sindinabwere kudzakangana ayi. Ndingoyamikira amene anajambula manja aja. Ndi manja olimbikira ntchito, ndimawaona m'mawa uliwonse akusayina pageti."

Anthu anaseka. Potuluka bamboyo anandigwira chanza osafuna kusiya, n'kundifunsa kuti, "Mayi, muli ndi mkulu wanu? Maso anuwa si achilendo."

Bwana wathu akuti ndisade nkhawa, manjawo tiwachotsa. Tichotsa chiyani poti aonedwa kale? Munandiuza nokha za mnzanu amene anadandaula chaka chatha, mmene bambo yemweyu anamutumira kukatsuka thanki yekhayekha, ndi mmene anthu anachita kumunyamula pomutulutsamo. Ndikuopa, achemwali.

Chonde Lolemba musapite kuntchito, ngakhale akuitaneni mokoma bwanji. Akati mubwere mudzangotenga katundu wanu, musiyeni katunduyo. Tengani ana mukwere basi ya Lamlungu. Chipinda ndi chaching'ono koma tikwana, matiresi ndayala kale.

Mundiperekere moni kwa alamu, ndipo muwauze zoona, kuti ndine ndinakunyengererani kuti mulankhule. Ana muwauze kuti mayi awo aang'ono awasowa. Tsiku la ayironi lija munanamiza amayi kuti mwadziwotcha nokha kuti ine ndisamenyedwe. Ulendo uno musanditchinjirize. Mudzandikalipire mmene mungafunire, bola mudzandikalipire muli kuno.

Ndine mng'ono wanu,
amene adzakhala ali pa depoti kuyambira m'mawa.