Kompyuta yanu sinawonongeke

Achimwene,

Kompyuta munatumiza ija ikugwira ntchito bwino kuyambira dzulo. Ndikhulupirira muli bwino ku Joniko. Kuno tilipo, ndipo mwendo wa amayi wasiya kutupa.

Poyamba, masewera a mpira a m'kompyutamo, amene anthu amalipira kuti asewere pa TV yathu, ankaoneka otambasuka, osewera onenepa ngati migolo, zigoli zitabisika kunja kwa galasi, mpaka makasitomala ankakangana kuti wapambana ndani. Alamu athu anaitana a Chimbalanga, wokonza mawailesi wa pa Mponela. Bamboyu anamenya TV makofi awiri, ananunkhiza kumbuyo kwa kompyuta, n'kunena kuti, "Bwana, za ku Joni sizigwirizana ndi magetsi a kuno. Ndipatseni ndikaitsegule kwathu." Alamu ankangogwedeza mutu ngati akumva ulaliki.

Ine ndinangowerenga kabuku ka TV. Imatha kuonetsa chithunzi cha 1366 kwa 768, pomwe masewerawo munawasiya pa muyezo wa TV yanu yaikulu. Nditasintha manambalawo, zigoli zinaonekera, osewera anaonda. Sizinanditengere ngakhale mphindi zisanu.

Komabe alamu akuti kompyutayo yachira chifukwa cha makofi aja, ndipo akufunabe kuipereka kuti katswiri wawoyo akaione m'kati. Wailesi ya amayi inapita kwa munthu yemweyu chaka chatha, inabwerako m'jumbo, zidutswa zokhazokha.

Chonde aimbireni foni alamuwo, poti inu amakumverani. Mulungu akusungeni pa ntchito yanu. A Chimbalanga akubwera Loweruka m'mawa ndi njinga kudzaitenga.

Ndine mng'ono wanu,
Yamikani